Chitseko Chinatsala M'foda

Ine ndimagwira ntchito pa shopu yosindikiza. Mafotokope, makadi aukwati, mapulogalamu a maliro, zonsezo zimadutsa m'manja mwangamu. Chaka china makasitomala anayamba kufunsa zotsatsa malonda zoyenda, zija zimavinavina pa intaneti, ndiye abwana anandiitana n'kunena kuti, "Iwe mutu wako umagwira, pita ukaphunzire." Nthawiyo n'kuti ndili woyembekezera, mapazi atayamba kale kutupa. Ndinati abwana, nanga mimbayi ndiisiye kuti? Iwo anati kompyuta sadina ndi mimba. Ndinapita ndikung'ung'udza.

Sukulu yake inali chipinda chimodzi pamwamba pa sitolo ya utoto ndi misomali. Munali makompyuta otopa, mipando yapulasitiki, ndi fani imodzi yomwe inkangopukusa mutu ngati munthu wokana mlandu. Mphunzitsi wathu tinkawatcha a Sevani, chifukwa pakamwa pawo sipankachoka mawu akuti, "Sevani ntchito yanu, magetsi alibe m'bale!" Anali munthu wowonda, wofatsa, wokonda kunena kuti kompyuta imachita zimene waiuza, osati zimene mtima wako ukufuna. Tinkaseka akamatero. Lero sindisekanso.

Phunziro loyamba linali kampira. Umalemba mizere ingapo ya malamulo, omwe amati khodi, kuiuza kompyuta kuti ijambule kabwalo kofiira, kagwe pansi, kanjanje, kakwere, kagwenso. Anzanga timipira tawo tinkanjanja mwaulemu. Kanga kanagwa, kanapyola pansi pa sikirini, osabweranso.

"Kanu kapita kukagula mchere," anatero a Sevani. "Simunakauze pamene pali nthaka."

Nditakauza, kanabwerera n'kuyamba kudumpha. Abale, ndinakuwa ngati mwana! Mayi wamkulu ndithu, ndi mimba yake, kuombera m'manja kabwalo kofiira. Madzulo ake ndinawaimbira amuna anga kuwauza, ndipo kuyambira tsiku limenelo dzina langa linasanduka Injiniya.

Amuna anga anali dalaivala wa lole, wa maulendo ataliatali odutsa malire. Banja lathu silinali la "ndimakukonda". Ife chikondi chathu chinali kunyozana. Iwo ankati ndimaphika ngati ndikulanga munthu, ine ndinkati mkonono wawo umaposa injini ya lole yawo. Tinali ndi mwana mmodzi wamkazi, wa zaka zinayi, yemwe tinkamutcha Wailesi chifukwa akadzuka m'mawa palibe wodziwa pomuzimitsira.

Akabwera ku ulendo sankalowa ngati mwini nyumba. Ankagogoda n'kufuula kuti, "Odi kuno! Eni nyumba alipo?" Akatero ankathamanga kukabisala kuseri kwa khoma. Wailesi ankatsegula chitseko, osapeza munthu, n'kuyamba kuzungulira nyumba akuseka mpaka kuwagwira mwendo. Ine ndinkati munthu wandevu kumachita zachibwana chonchi, manyazi mulibe? Koma ndinkaima pazenera kuonerera.

Ngozi inachitika kutali, m'dziko la eni. Lole inagubuduka pa mtsetse mvula ikugwa. Anawatulutsa amoyo, koma msana utathyoka. Ndinalongedza chikwama tsiku lomwelo, koma adokotala akusikelo atayeza kuthamanga kwa magazi anga anandiuza mosapsatira kuti ndikakwera basi ya masiku awiri ndikataya mwana, mwinanso ndi ine ndemwe. Ndinakalipa, ndinalira, sizinathandize. Amene anapita kukawadwazika anali alamu anga, mlongo wawo wamkulu, mayi wa mawu ochepa.

Foni yaikulu inali ndi amuna anga. Ine ndinali ndi kafoni kamabatani, kongoimbira basi. Masabata oyamba ankayankhula ngati kale, kuseka chakudya cha m'chipatala, kufunsa ngati Injiniya wakonza ndege. Kenako madokotala anawauza kuti sadzayendanso. Kuyambira pamenepo mawu awo anafota. Alamu anandinong'oneza kuti mbale zikubwerera momwe zabwerera, munthu akungoyang'ana kukhoma.

Tsiku lina amuna anga anandiuza okha.

"Mayi a Wailesi, nyumba yathu ija ili ndi masitepe."

"Ndikudziwa. Ndimakolopa ndine."

"Chitseko chake n'chopapatiza. Ndibwera kudzatani kumeneko? Kudzakhala katundu woti muzinyamula, inu muli ndi khanda kumsana? Musavutike n'kundidikira."

Mukudziwa zimene ndinayankha? Mumtima munali mawu, ambirimbiri, ofewa. Koma pakamwa pozolowera kunyoza panatuluka kuti, "Iyayi, musandiyankhule zopusa, idyani chakudya musachititse manyazi alamu." Anangoti, "Chabwino," n'kudula. Ndinakhala pa bedi nditakwiya, koma sindinkadziwa amene ndamukwiyira.

M'mawa mwake ndili m'kalasi, a Sevani ankaphunzitsa za kudina. Ankati tsamba labwino limayankha munthu: akadina apa, chichitike ichi, akakhudza apo, chimveke icho. Ndinayang'ana sikirini, ganizo n'kundibwerera lathunthu. Zimene pakamwa panga pakanika, manja angawa anena.

Ndinayamba kujambula nyumba yathu. Sindine wojambula, koma ndinaikamo zonse: khoma lathu lobiriwira, zenera lija galasi lake linang'aluka, chingwe choyanika zovala. Masitepe sindinawajambule. M'malo mwake ndinaika potsetsereka pa simenti, poti njinga ya olumala ikwere bwinobwino, ndipo chitseko ndinachikulitsa. Sizinali zongolota ayi, ndinali nditayankhula kale ndi mmisiri wa pafupi nafe, ndipo anali atabwera kudzayeza. Kenako ndinajambula iwowo, ndi chipewa chawo chija sankavula, atakhala pa njinga.

Njingayo inandivutitsa zedi. Inkayenda matayala osazungulira, ngati akuikoka pa matope. Nditawauza kuti azungulire, anazungulira chobwerera m'mbuyo. Tsiku lina mutu wa amuna anga unatsogola wokha, thupi n'kutsala pa geti, ndipo ndinaseka mpaka misozi, kenako misoziyo inakana kusiya. A Sevani anabwera, anayang'ana chithunzicho, anayang'ana ine. Anakoka mpando n'kundionetsa momwe amamangirira zidutswa pamodzi kuti ziyende ngati chinthu chimodzi.

Mawu ndinawapeza mu kavidiyo kakale komwe alamu anajambula tsiku lina amuna anga akufika. Ndinadulamo pokhapo pa "Odi kuno! Eni nyumba alipo?" Wailesi ndinapita naye kushopu kukamujambula mawu akuti, "Adadi afika!" Ananena zimenezo, n'kuwonjezera nkhani ya galu wa aneba, ndi nyimbo ziwiri. Pabwalo la nyumba yojambulayo ndinaikapo kampira kanga ka phunziro loyamba kaja, chifukwa Wailesi ali ndi mpira wofiira womwe bambo ake anamugulira. Pamwamba pa tsambalo ndinalemba kuti: Gogodani pa chitseko.

Zinkayenda chonchi. Ukadina chitseko, pankamveka kugogoda ndi odi wawo uja. Njinga inkalowa pa geti, kukwera potsetsereka paja, chitseko n'kutseguka. M'katimo munali ine nditanyamula khanda, ndi Wailesi akudumpha n'kumafuula. Zinali zokhotakhota, manja anga anali ngati mafoloko, koma aliyense akanamva chimene ndinkanena: bwerani momwe mulilimo, malo anu alipo.

Lachitatu lina ndinajomba kukalasi chifukwa linali tsiku la sikelo. Ndinafunsa mnzanga wokhala naye pafupi zimene anaphunzira, iye anati, "Aa, zoika tsamba pa intaneti basi, n'zosavuta, umangokokera fayilo apa." Anandionetsa. Ndinabwerera kushopu, ndinakoka fayilo ya tsamba langa, ndinaiponya pamene anandiuza, ndipo panatuluka kachizindikiro kobiriwira kosonyeza kuti zatheka. Kuyesa ndinayesa, musaganize kuti sindinayese. Ndinatsegula tsamba langa pa kompyuta ya pashopu, ndinadina chitseko kambirimbiri, ndipo nthawi zonse amuna anga ankalowa m'nyumba. Ndinatumiza linki ku foni yawo mtima ukugunda ngati ndikufunsira mwamuna.

Anaimba okha madzulo dzuwa lisanalowe.

"Injiniya!" Dzina limenelo anali atasiya kunditchula kalekale. "Ndaona ntchito yanu."

"Mwaona?"

"Ndaona. Muli ndi luso mayi, si zocheza. Ndaonetsa wodi yonse."

"Ndiye mwati bwanji?"

"Ndati n'zokongola. Zikuyenda bwino kwambiri, sizikuima n'komwe."

Ndinadikira. Ndinkafuna anene za njinga, za masitepe, za khanda, ngakhale kundinyoza kuti ndadzijambula wowonda. Palibe. Anayamba kufunsa ngati mapazi akutupabe. Ndinaganiza kuti njinga ija yawapweteka mtima, kuti ndawaonetsa chinthu chomwe sakufuna kuchiona. Ndinachita manyazi, ndipo manyaziwo anasanduka kunyada. Ndinati mumtima, ndanena, amva, akafuna adzayankha. Sindinaitchulenso nkhaniyo. Iwo ankati akaimba amati, "Ndinaonanso ntchito yanu lero," ine n'kumati, "Zikomo," ngati ndikuyankha kasitomala.

Chibayo chinawapeza thupi litafooka kale. Sichinatenge nthawi. Alamu anaimba m'mawa ndikusita yunifolomu ya Wailesi, ndipo atangoti "Mlamu," ndinadziwa. Amuna anga anabwera kwawo m'bokosi, ndipo anthu anawanyamula kukwera masitepe aja bwinobwino, popanda vuto lililonse. Ndinaima pakhonde ndikuona zimenezo, ndipo ndinadana ndi masitepewo ngati ndi amene anawapha.

Mwana anabadwa patapita milungu yochepa, wamwamuna, mphuno ya bambo ake yeniyeni. Alamu anatsala nafe kuti andithandize. Chikwama cha kuchipatala anachiika pamwamba pa kabati, ndipo ndinkachizemba ndi maso. Koma tsiku lina masana, khanda litagona, Wailesi ali kusukulu ya mkaka, ndinachitsitsa. Munali chipewa chija, malezala, ndi foni yokhala ndi mng'alu pakona. Ndinaitchaja. Ndinkafuna kuona nyumba yanga ija momwe iwo ankaionera, m'manja, pa kasikirini kakang'ono.

Tsamba linatseguka loyera mbee. Pamwamba panali mawu aja, Gogodani pa chitseko. Pansi pake panalibe chitseko. Panalibe nyumba, panalibe geti, panalibe njinga, ine kapena ana. Panali timabokosi topanda kanthu, tokhala ndi kachizindikiro ka pepala long'ambika. Ndipo pakona, kokhakokha, kampira kofiira kankagwa n'kukwera, kugwa n'kukwera.

Ndinaganiza kuti ndi intaneti. Ndinatseka, ndinatsegulanso. Chimodzimodzi.

"Alamu!" Ndinakuwa mpaka khanda linadzidzimuka. Anabwera manja ali ndi thovu la sopo. Ndinawalozetsa foniyo kumaso. "Ichi n'chiyani? Nyumba ili kuti?"

"Nyumba yanji, mlamu?"

"Imene ndinatumiza! Munkaona chiyani kuchipatala kuja?"

Anapukuta manja pa nsalu pang'onopang'ono, n'kukhala pansi. "Tinkaona chomwechi. Kampirako."

"Kuyambira tsiku loyamba?"

"Kuyambira tsiku loyamba. Achimwene anawerenga mawuwo, n'kuyamba kufunafuna chitsekocho. Anadina paliponse, m'makona, pakati, pa timabokosi tonseto. Anapempha namwino wachinyamata kuti aone, iye anati zithunzi sizinabwere. Ine ndinati tikuimbireni tikuuzeni. Anandiletsa. Anati, 'Musayerekeze. Wavutika nazo ndi mimba, wakwera masitepe a sukulu ija tsiku ndi tsiku. Mukamuuza kuti walakwitsa asiya sukulu, ndimamudziwa ndine. Kampiraka n'kokwana.'"

Ndinafuna kuwamenya alamu anga, Mulungu andikhululukire. Ndinafuna kudzutsa amuna anga kumanda ndiwafunse kuti ulemu umenewo anauphunzira liti, munthu amene moyo wake wonse sanaope kundiuza kuti ndiwo zalowa mchere. Tsiku limodzi lokha lomwe ndinkafuna chipongwe chawo, anasankha kundikomera mtima!

"Koma ankakaonera," alamu anapitiriza, maso ali pansi. "Tsiku lililonse. Ankauza odwala anzawo kuti mkazi wanga ndi injiniya, kampira aka wakapanga yekha ndi manambala. Ndipo sanasiye kugogoda. Ankati mwina tsiku lina netiweki ikakhala bwino chitsekocho chioneka. Ndinkamva chikhadabo chawo pa galasi la foni, go go go, mpaka sabata yomaliza. Kodi kuseri kwake kunali chiyani, mlamu?"

Ndinawapatsa khanda, ndinavala nsapato, ndinatuluka.

A Sevani ndinawapeza akupukuta makiyibodi, kalasi yamasana isanayambe. Ndinaika foni patebulo popanda moni. Anayang'ana kamodzi kokha, nkhope yawo n'kugwa.

"Munakweza tsamba lokha," anatero motsitsa. "Zithunzi ndi mawu zimakhala m'foda yakeyake. Tsamba limangoziitana. Foda ija inatsala pa kompyuta yanu, ndiye inu mukatsegula pamenepo zonse zinkabwera, chifukwa zinali pafupi. Kwina kulikonse tsamba linkaitana, palibe woyankha. Kampirako kanafika chifukwa si chithunzi, kanalembedwa m'khodi momwemo. Ndinanena zimenezi Lachitatu lija. Ndinati mukakweza, kayeseni pa foni ya munthu wina. Aliyense woyamba kumene amalakwitsa pamenepa, mayi. Aliyense."

"Ndiye bwanji simunabwereze Lachinayi? Za kuseva mumabwereza ngati pemphero!"

Sanadziteteze. Anangoti, "Pepani," ndipo ndinaona kuti maso awo afiira. Mkwiyo wanga unasowa pogwera. Ndinali ndi fulashi yanga m'chikwama, momwe ndinkasungira zonse monga ankatiphunzitsira. Anailowetsa, anakoka foda ija, anaiponya pafupi ndi tsamba. Ntchito yonseyo inatha madzi a tiyi asanawire. Anafuna kutsegula kuti tiyese, ine ndinawalanda foniyo. Ndinati ndikaonera kunyumba.

Sindikunena kuti chithunzi chikanachiritsa chibayo. Sindine wopusa. Mwina akanaona njinga ija n'kukwiya, mwina akanaseka manja anga a mafoloko n'kupempha phala. Sindidzadziwa. Chimene ndikudziwa n'chakuti anandifunsa kuti abwera kudzatani, ndipo anamwalira akuganiza kuti yankho langa linali "idyani chakudya" ndi kampira. Zimenezi zimandiwawa kuposa imfa yeniyeniyo, ndipo sindikuona kuti zidzasiya.

Nditafika kunyumba ndinapeza alamu akuyanika matewera kuseri, khanda lili kumsana. Wailesi anali atabwera, atakhala pansi m'chipinda chochezera, akudula mapepala ndi sizasi yanga yomwe ndinamuletsa, uku akuuza chidole chake nkhani. Sindinamukalipire. Ndinakhala pa mpando wa bambo ake, ndinatsegula foni.

Nyumba inabwera yonse, khoma lobiriwira, zenera long'aluka, chingwe cha zovala, kampira pabwalo. Chitseko chinali pakati penipeni. Pa galasi la foniyo, pamalo omwewo, panali timizere tating'onoting'ono ta chikhadabo. Anali atagogodapo ndithu, pa chitseko penipenipo, osadziwa.

Ndinaika chala changa pamenepo. Sindinaganize za voliyumu. Amuna anga ankaikweza mpaka kumapeto chifukwa cha phokoso la lole.

Go, go, go. "Odi kuno! Eni nyumba alipo?"

Sizasi inagwa pansi. Ndisanatsegule pakamwa, Wailesi anali atafika kale pa chitseko, akulimbana ndi chogwirira ndi manja onse awiri. Anatsegula, anaima pa sitepe yapamwamba, anayang'ana uku ndi uku. Panalibe munthu. Anatembenuka kundiyang'ana, nkhope yonse ikuwala, n'kuika chala pakamwa.

"Shh, amayi. Abisala."

Anatsika masitepe mwakachetechete, n'kuyamba kuzungulira nyumba akuseka.